Pakona pa Azakhali: mwamuna wojambula ndi misozi yomwe

Azakhali,

Ndine mtsikana wa zaka 27, mphunzitsi mumzinda wa Blantyre. Ndili pa chibwenzi ndi mnyamata wina ndipo makolo a mbali zonse akudziwa. Iye ankajambula makanema a maukwati ndi zinkhoswe, ndalama zinkabwera ndithu, makamaka m'chilimwe. Chaka chatha anangodzuka n'kunena kuti watopa kujambula anthu akufupa pa pelekanipelekani, akufuna kupanga filimu ya moyo wake. Chiyambire tsiku limenelo kamera sichoka m'manja. Ndikamaphika akujambula, ndikakwiya akujambula. Tsiku lina ndinamufunsa ndikulira kuti ukwati wathu udzachitika liti, iye anati ndibwereze funsolo chifukwa mawu sanamveke bwino. Pa maliro a agogo ake anajambula mpaka m'siwa, amalume ake anachita kumulanda kamerayo. Tsopano akufuna amayi ake afotokoze pa kamera chimene chinachotsa bambo ake pakhomo iye ali wamng'ono, nkhani imene kwawoko saitchula. Ndikadandaula amandiuza za mzungu wina wa ku America, Ross McElwee, ati anatchuka pojambula abale ake ndi zibwenzi zake. Azakhali, kodi imeneyi ndi ntchito yodyetsa banja? Ndipirire kapena ndithawe kudakali kowala?

Ine wothedwa nzeru, Blantyre

Mwana wanga,

Pukuta misozi kaye, kenako usuzumire pamwamba pa kabati ngati sanasiyepo kamera ikuyaka. Zimene ndikuuze pano n'za ine ndi iwe.

Mzungu akumutchulayo ndikumudziwa. Usadabwe, azakhali ako sakhalira kusenda mbatata kokha. Ndipo ndaseka mpaka kutsokomola kuti mwa onse ojambula mafilimu pansi pano, mkamwini wangayu wasankha Ross McElwee kuti amuikire kumbuyo. Mwina filimu yake yotchuka, Sherman's March, sanaionere mpaka kumapeto, poti ndi yaitali, imadutsa maola awiri ndi theka. Mwinanso anaionera, koma akudalira kuti iwe sudzaionera.

McElwee anabadwa mu 1947 ku Charlotte, m'chigawo cha North Carolina. Bambo ake anali dokotala wa maopaleshoni, mchimwene wake nayenso anadzakhala dokotala, iye yekha ndiye anatola kamera. Luso analiphunzira ku sukulu ya MIT kwa akadaulo awiri, Richard Leacock ndi Ed Pincus. Pincus ameneyo ndiye anali atadwala kale matenda akukusautsawa: kwa zaka zisanu, kuyambira 1971, anajambula mkazi wake, ana ake ndi zibwenzi zake zomwe. McElwee atatuluka kumeneko anapeza ndalama zathandizo kuti ajambule filimu ya mbiri yakale, yotsata njira imene mkulu wa asilikali William Sherman anadutsa mu 1864, pa nkhondo yapachiweniweni ya ku America, akutentha minda ndi kuzula njanji kuchokera ku Atlanta mpaka ku Savannah. Atatsala pang'ono kuyamba ntchito, bwenzi lake linamusiya n'kubwerera kwa chibwenzi chakale. Mwamuna anafika kwawo ali khuma. Mlongo wake anamunong'oneza kuti kamera ili paphewayo ingamuthandize kuyambitsa macheza ndi akazi. Basi, a Sherman anayamba kuiwalika.

Ulendo wa nkhondo unasanduka ulendo wofunsira mbeta. Anakumana ndi mtsikana wolota zokasewera m'mafilimu pambali pa Burt Reynolds, wina wophunzira za zilankhulo amene ankakhala pa chilumba chopanda anthu ambiri, wina wolimbana ndi zida za nyukiliya, wina woimba m'gulu la magitala, wina loya. Pomaliza ulendo, mwamuna anabwerera ali yekhayekha ngati mmene ananyamukira. Filimuyo, Sherman's March, inatuluka mu 1986, inapata mphoto yaikulu ku chionetsero cha Sundance mu 1987, ndipo mu 2000 inalowa m'kaundula wa mafilimu amene dziko la America limasunga ngati chuma cha fuko.

Tsopano tamvetsera chimene mkamwiniyo sanakuuze. M'filimu imeneyo wopusa ndi mwini kamerayo. Galimoto ikumufera panjira. Tulo sakuona chifukwa cholota mabomba. Usiku wina, munthu wa zaka zopitirira 30, wabwera kuchokera ku phwando atavala yunifolomu ya msilikali wakalekale, ndipo akulankhula pa kamera monong'ona kuopa kudzutsa bambo ake. Akaziwo aliyense ali ndi ntchito yake, maloto ake, pakamwa pake, ndipo akamukana, kukanako sakudulamo. Koposa onse muli mayi wina, Charleen Swansea, amene anali mphunzitsi wake, zakhali weniweni ngati ine ndemwe. Mayiyo anamufunira mkazi, n'kumubweretsera pamaso, ndipo ataona kuti mwamuna akusuzumirabe pa kamera m'malo moyang'ana mkazi, anamukalipira pomwepo kuti azimitse chinthucho ayambe kukhala ngati munthu. McElwee kukalipiridwa konseko anakusiya m'filimu. Anthu anaikonda chifukwa cha zimenezo: munthu wodzivula yekha pagulu asanayambe kuvula anzake.

Ndiye upemphe kuti akuonetse zonse wajambula chaka chonsechi, uwerenge wekha kuti amene akuoneka chitsiru ndani. Ngati ndi iwe wekha, tsitsi lili nyankhalala, maso atatupa, iye ali kuseri kwa kamera akuyankhula mawu anzeru ngati mlaliki, ndiye kuti filimuyo si ya moyo wake. Ndi ya moyo wako, ndipo waitenga osabwereka. Zoti ubwereze kulira chifukwa mawu sanamveke, zimenezo ndazisunga, adzandiyankha tsiku ndidzamuone.

Filimu ya moyo wa munthu ili ngati nsima ya pa ukwati, siphikidwa ndi ufa wa nyumba imodzi. Munthu akati ndikujambula moyo wanga, moyo wakewo ndi amayi ake, agogo ake, mlongo wake, iwe, ndi mnzake uja amam'bwereka ndalama ya minibasi. Iye adzapita ku zionetsero atavala suti, dzina lake lili pachikwangwani. Inu eni ufa mudzatsala kuno kuyankha mafunso a anthu ku tchalitchi. Mkazi amene McElwee anadzakwatira, Marilyn Levine, anali wojambula mafilimu mnzake, anapangira limodzi filimu ya khoma la Berlin. Ankadziwa nyumba imene akulowa. Iwe ndiwe mphunzitsi, ana a sukulu ali ndi mafoni, ndipo kanema wa aphunzitsi akulira m'khitchini angayende pa WhatsApp kuposa nkhani ya maliro.

Wafunsa ngati ntchitoyi imadyetsa banja. Tawerenga nane zaka: 1986, kenako Time Indefinite mu 1993, Bright Leaves mu 2003, Photographic Memory mu 2011, Remake mu 2025, ndi ena ochepa pakatipakati. Munthu wotchuka dziko lonse pa luso limeneli, filimu imodzi imamutengera zaka. Ukuganiza kuti pakati pa zaka zimenezo ankadya mphoto? Kuyambira m'ma 1980 momwemo anaphunzitsa zaka zambiri pa yunivesite ya Harvard, malipiro akubwera mwezi ndi mwezi. Ndipo nayi ina yoti ukamusekere nayo mkamwiniyo: McElwee ali mnyamata anakhalako ku France, m'tauni ina ya m'mbali mwa nyanja ku Brittany, ndipo ntchito yake inali yothandiza munthu wojambula zithunzi za maukwati. Ntchito imene wako akuinyozayo, McElwee mwini wake anachita kubwerera kumeneko atakalamba kukafunafuna bwana wake wakale. Kuno kwathu komwe, Shemu Joyah, amene anatipatsa Seasons of a Life ndi The Last Fishing Boat, ndi katswiri woyeza malo. Sanataye ntchito yoyezayo kuti ayambe kulota.

Akakuuza za Jonathan Caouette, poti anyamata a mtundu umenewu onse amamudziwa, ukhale utakonzeka. Ndi zoona kuti filimu yake, Tarnation, ya mu 2003, anailumikiza pa kompyuta ya Apple ndi pulogalamu ya iMovie, ndipo inamudyera madola 218 okha. Ndi zoonanso kuti inakafika ku Sundance ndi ku Cannes. Koma zithunzizo anayamba kuzisonkhanitsa ali ndi zaka 11, ndiye kuti anadikira zaka pafupifupi 20. Ndipo pofuna kuionetsa m'nyumba za kanema, eni nyimbo ndi timakanema timene anaikamo anafuna zawo, mtengo unakwera kufika madola masauzande mazanamazana, olipira anali ena. Umufunse wakoyo kuti nyimbo za eni ake akuziika pansi pa misozi yakozo adzalipira ndi chiyani. COSOMA ilipo, ndipo oimba nawonso ali ndi lendi.

Chinanso chimene chinawathandiza akale ndi umphawi wa zipangizo. McElwee ankajambula yekha, kamera paphewa, makina a mawu m'chiuno, pa filimu ya 16mm. Mpukutu umodzi unkatha m'mphindi ngati 11, ndipo kuugula ndi kuutsuka zonse zinali ndalama. Munthu asanayatse kamera ankadzifunsa kawiri. Lero kakhadi kang'onong'ono kamameza maola ndi maola, ndiye mnyamata amajambula ndi mphika ukuwira womwe n'kumati akugwira ntchito. Ntchito yeniyeni ndi ya pa mpando, yosankha, yodula, yotaya zimene umazikonda. Kodi wakoyo unamuonapo atakhala pa kompyuta mlungu wathunthu akudula? Ngati sunamuonepo, pakadali pano uli ndi wosonkhanitsa makanema, wopanga filimu sanafike.

Za amayi ake ndiye ndasiya kuseka.

Mayi wina wa ku Canada, Sarah Polley, anatulutsa filimu mu 2012, Stories We Tell, yofukula chinsinsi cha m'nyumba mwawo. Anazindikira ali wamkulu kuti bambo amene anamulera, Michael Polley, sanali womubereka. Womubereka anali Harry Gulkin, amene amayi ake anadziwana naye ku Montreal. Taona mmene anayendera. Anakhazika pansi azichimwene ndi azichemwali ake, anzawo a amayi ake, abambo onse awiri, aliyense ananena mbali yake ngakhale zinkatsutsana. Bambo womulera uja ndiye analemba ndi kuwerenga mawu otsogolera filimuyo, ndiye kuti munthu amene akanachita manyazi kuposa onse anapatsidwa pakamwa. Ndipo amayi akewo, Diane, anali atamwalira kale Sarah ali ndi zaka 11. Apongozi akowa ali moyo. Mawa ayenera kupita ku msika, ku Mvano kapena ku Chigwirizano, kukakhala pa mkeka umodzi ndi amayi anzawo amene aonera kanemayo pa foni ya mdzukulu. Mwana akufuna kudziwa chimene chinachotsa bambo ake, ndipo ndi ufulu wake kufunsa, mtolo umenewo wausenza nthawi yaitali. Koma ayambe wafunsa manja ali pamaondo, kamera ili m'chikwama kunyumba. Amayi akafuna kulankhula alankhule kwa mwana wawo. Zojambula zibwere pambuyo, ngati iwo avomera, amalume akudziwa, ndipo iwo akhale oyamba kuonera asanaone wina aliyense. Akati chigawo ichi chotsa, achotse, ngakhale chitakhala chokoma chotani.

Akakana, dziko silinathe. Alan Berliner wa ku New York anafuna kujambula mbiri ya bambo ake, Oscar, mdala wouma mutu amene ankangoti moyo wake ulibe chosangalatsa ndipo sukhudza munthu. Kukangana kwa bambo ndi mwana kumeneko ndiye kunasanduka filimu yonse, Nobody's Business, mu 1996. Koma mdalayo anakhala pa mpando akudziwa kuti kamera ikuyaka, ndipo ankabweza mawu mmene akufunira. Sanajambulidwe mobisa akusenda nyemba.

Za m'siwa, amalume analondola, ndipo akanandiitana ndikanawathandiza kulanda. Maliro ali ndi eni ake. Mdzukulu akafuna chithunzi amapempha kwa eni mbumba, amauzidwa poima ndi posaima.

Koma usaganize kuti ndikuti kamerayo aitaye m'chimbudzi. Uonere Time Indefinite. Imayamba ndi chimwemwe, McElwee akulengeza kwa abale kuti wapeza mkazi, ukwati ukuchitika. Posakhalitsa agogo ake amwalira, mimba ya mkazi wake yapita padera, bambo ake aja amwalira mwadzidzidzi, zonsezi motsatizana. Timakanema tonse tija ankajambula bambo ake akuyenda pabwalo, timene abale ankationa ngati kusowa chochita, ndito tokha tinatsala pomvera mawu awo. Ife angati tili ndi mawu a agogo athu? Tili ndi chithunzi chimodzi cha pa chiphaso, china cha pa ukwati wa msuweni, iwo ali kumbuyo mutu utadulidwa theka. Mkamwiniyo akanakhala ndi nzeru akanawakhazika pansi agogo aja ali moyo, n'kuwafunsa za njala ya 1949, za mmene anakumanirana ndi amuna awo, za nyimbo za pamtondo. Anadikira mpaka atagona m'bokosi.

Ndipo mbali yowawa ya nkhani ya McElwee uyimvenso. Mwana wake, Adrian, anajambulidwa kuyambira ali khanda, anakulira pamaso pa kamera ndi pamaso pa oonera. Mu Photographic Memory timamuona ali mnyamata, akukangana ndi bambo ake, bambo ali ndi nkhawa ndi mayendedwe ake. Adrian anamwalira mu 2016 chifukwa cha mankhwala ozunguza bongo. Filimu ya Remake, imene inaonetsedwa ku Venice mu 2025, ndi bambo wokalamba akubwerera ku makanema a mwana wake. Sindikunena kuti kamera inapha mwana, Mulungu andikhululukire, mankhwala amenewo atenga ana ambiri amene sanajambulidwepo. Ndikunena kuti ana amene mudzabereke sadzafunsidwa ngati akufuna kukhala m'filimu ya bambo awo. Wowafunsira udzakhala iwe. Nkhani imeneyo muikambe tsopano, mimba isanabwere.

Pali funso limodzi loti ukamufunse modekha, atadya: kodi filimuyi ikunena za chiyani kupatula iweyo? McElwee sajambula nkhope yake chabe. Mu Bright Leaves anabwerera kwawo kukafufuza za agogo a bambo ake, John Harvey McElwee, amene ankati ndiye anayambitsa fodya wotchedwa Bull Durham mpaka banja la Duke linamugonjetsa pa malonda. Ankakhulupirira kuti filimu ya mu 1950 ya Gary Cooper, Bright Leaf, inkanena za gogoyo, kufikira mkazi wamasiye wa mlembi wa buku limene filimuyo inachokera anamuuza kuti ayi, ndipo kugwa nkhope kumeneko anakusiyamonso. Koma pofufuza gogo anafukula chigawo chonse: alimi a fodya, osuta olephera kusiya, odwala khansa amene ankathandizidwa ndi madokotala a m'banja lomwelo limene linayamba ndi kugulitsa fodya. Mlimi wa ku Kasungu kapena ku Mchinji ataionera angamve kuti akunena za iye. Wakoyo naye, ngati bambo ake ali m'gulu la aja anapita ku Joni n'kusiya kulemba makalata, ali ndi filimu m'manja, chifukwa ana a abambo otero adzaza maminibasi. Koma ngati nkhani yake ndi yakuti iye ndi munthu wozama maganizo amene dziko silimumvetsa, imeneyo akaonetse amayi ake okha, ndiwo angapirire.

Kuthawa usathawe lero. Mwamuna wofuna kumvetsa kumene anachokera si woipa, alipo ena chizolowezi chawo ndi mowa ndi mpira wa pa foni wobetcha. Koma umuuze momveka, ankhoswe akumva, kuti Loweruka abwerere ku maukwati a anthu, ndalama ya lendi ndi ufa izichokera kumeneko, filimu ya moyo wake aziipanga ndi zotsala. Umuuze kuti kuchipinda ndi pa mkangano kamera siloledwa, ndipo chilichonse muli iwe sichituluka pakhomo usanachione. Kenako tsiku lina umulande kamerayo, umukhazike pa mpando, umufunse za atsikana onse anawasiya ndi chimene anawasiyira, za ngongole ali nazo, za chimene akuopa pa ukwati. Mawu akapanda kumveka bwino, umuuze abwereze. Akakhala n'kuyankha mpaka kumapeto, thukuta lili kamukamu, tsiku la ukwati mukhoza kulikamba. Akaimirira n'kunena kuti zimenezo ndi zachinsinsi, undilemberenso, ndili ndi mwana wa mnzanga wogwira ntchito ku banki, kamera yake ndi ya pa foni basi ndipo ndi yosweka.

Ndipo akaganiza zobwera kuno kudzajambula azakhali, umuuziretu kuti ine ndimalipiritsa pa ola, ndipo amandijambula kuchokera kumanzere kokha.

Azakhali ako